Munda wapita, pa ntchito akufunsa za ukwati: mafunso ndi mayankho kwa anthu a ku Salima ndi Nkhotakota

Chitukuko chikafuna malo, eni minda amamva malonjezo awiri. Loyamba ndi chipukutamisozi. Lachiwiri limanenedwa chakumapeto kwa msonkhano, anthu atayamba kale kusasa fumbi pa zitenje: "Ntchito ikayamba, khomo lililonse lokhudzidwa lidzapereka munthu mmodzi." Anthu a m'mbali mwa nyanja mawuwa si achilendo kwa iwo. Kuno kuli minda ya nzimbe ya ku Dwangwa, fakitale ya shuga ya ku Salima, malo opangira magetsi a dzuwa ku Nanjoka omwe anatsegulidwa mu 2021, ntchito yokonza msewu wa M5, ndi chikonzero chopopa madzi a m'nyanja kupita ku Lilongwe. Kutchula zitukukozi sikuloza chala aliyense. Mafunso ali m'munsiwa akukhudza chitukuko chilichonse, cha boma kapena chimene boma lapatsa kampani, pamene munthu wotaya munda wakanizidwa ntchito chifukwa ndi wokwatiwa, ndi mbeta, ndi wamasiye, kapena ukwati wake unatha.

Kodi lamulo limalamula kuti wolandidwa malo apatsidwe ntchito?

Ayi, ndipo ndi bwino kuyamba ndi chilungamo chimenechi. Gawo 44 la malamulo aakulu a dziko lino limati boma lingatenge katundu wa munthu pokhapokha ngati ndi zothandiza anthu onse, mwiniwake wadziwitsidwa mokwanira, walipidwa moyenera, ndipo ali ndi mwayi wokadandaula kukhothi. Lamulo la Lands Acquisition and Compensation Act limafotokoza za kawerengedwe ka malipirowo. Za ntchito mulibe.

Ntchito imabwera ngati lonjezo. Imalembedwa m'chikalata cha dongosolo losamutsira anthu, chimene a chitukuko amachitcha RAP, kapena mu mgwirizano wa boma ndi kontirakitala, kapena imangonenedwa pakamwa pamaso pa agulupu. Koma lonjezolo likaperekedwa, kagawidwe kake kamagwa m'manja mwa lamulo. Wolemba ntchito angathe kunena kuti malo alipo 50 okha. Sangathe kunena kuti mwa anthu 50 amenewo musakhale mkazi wokwatiwa.

Nanga malamulo oletsa tsankho limeneli ndi ati?

Alipo atatu ofunika kuwadziwa pamtima.

Gawo 24 la malamulo aakulu limanena mosapita m'mbali kuti amayi asasalidwe chifukwa choti ndi akazi, kapena chifukwa choti ali pabanja kapena sali pabanja. Limapitiriza kunena kuti mkazi ali ndi ufulu wochita mgwirizano ndi kukhala ndi katundu payekha, ndipo lamulo lililonse losala amayi pa zifukwa zimenezi n'lopanda mphamvu. Limatchulanso miyambo yosala amayi pa ntchito ndi yowalanda chuma kuti iyenera kuthetsedwa.

Gawo 5 la lamulo la za ntchito, Employment Act ya 2000, ndilo lili pafupi kwambiri ndi nkhani yathu, chifukwa limateteza ngakhale munthu amene sanalembedwe, amene akungofunsira ntchito. Limaletsa kusala munthu polemba ntchito, pophunzitsa, pokweza ndi pochotsa, ndipo pa mndandanda wa zifukwa zoletsedwa pali za ukwati ndi za udindo wosamalira banja. Lamuloli silisankha mwamuna kapena mkazi. Kuliphwanya ndi mlandu.

Lachitatu ndi Gender Equality Act ya 2013. Ambiri amalidziwa chifukwa cha lamulo loti polemba ntchito m'nthambi za boma amuna kapena akazi asachepere 40 pa 100 aliwonse komanso asapitirire 60. Chenjerani apa: chiwerengero chimenechi ndi cha ogwira ntchito m'boma, osati cha aganyu a kontirakitala wa msewu. Chimene chimagwira aliyense m'lamuloli ndi kuletsa tsankho pakati pa amuna ndi akazi, ndi kuletsa kuvutitsa munthu pofuna kugona naye.

Ndinakwatiwa ku Benga, koma munda umene watengedwa kwathu ndinkalima ndine ndi mayi anga. Akuti ndine wa mudzi wina tsopano. Nzoona?

Funso loyenera kufunsa si lakuti munakwatiwa kuti. Ndi lakuti: munda umenewu unkadyetsa ndani? Ntchito ya pa chitukuko imaperekedwa pofuna kubwezera njira yopezera chakudya imene yatayika. Ngati mpunga kapena chinangwa cha m'mundamo chinkalowa mu mphika wanu, mwataya kanthu, kaya mumagona ku Benga kaya ku Chipoka.

Yesani kutembenuza nkhaniyo. Mchimwene wanu atakwatira, dzina lake linafufutidwa pa mndandanda wa ana a pakhomo? Ngati iye akuwerengedwabe ngakhale ali ndi mkazi ndi ana, koma inu mwachotsedwa chifukwa muli ndi mwamuna, chimene chakuchotsani si mtunda, ndi ukwati. Pamenepo gawo 24 lagwira.

Nkhani yofanana ndi imeneyi inafika kukhothi ku India. Mu 2016 khothi lalikulu la m'chigawo cha Chhattisgarh linagamula kuti ndondomeko ya boma yopereka ntchito kwa mabanja olandidwa malo inkasemphana ndi malamulo aakulu a dzikolo, chifukwa inkasiya kunja mwana wamkazi wokwatiwa pomwe mwana wamwamuna wokwatira ankawerengedwa. Chigamulo cha ku India sichimanga woweruza wa kuno, koma malamulo athu ndi omveka kuposa pamenepo, popeza amatchula za ukwati mwachindunji.

Komabe ngati munachoka kalekale, simunalimemo, ndipo pakhomopo pali mng'ono wanu amene moyo wake wonse unali m'munda umenewo, osankha mayina akamusankha iye sanakulakwireni. Asankha poona amene wapwetekeka kwambiri, ndipo chifukwa chimenecho n'chololedwa.

Kwathu ndi kuchikamwini. Munda ndi wanga, wochokera kwa agogo anga aakazi, koma pa mndandanda pali dzina la amuna anga. Zinatheka bwanji?

Apa ndi pamene pagona nkhani yonse, ndipo zimachitika popanda wina kukonza chiwembu. Tsiku la kalembera amabwera achinyamata ovala zonyezimira, wina ali ndi kachipangizo koyezera malire, wina ali ndi fomu kapena tabuleti. Ayenda m'malire, awerenga mitengo ya mango ndi nthochi, kenako afunsa funso limene lili pamwamba pa fomu: "Mutu wa banja lino ndani?" Mayi waima pomwepo, khasu lili m'manja, amfumu ali chapafupi, alamu ndi anansi akumvetsera. Ndi mkazi uti wa kwathu kuno amene angayankhe kuti "ndine" mwamuna wake ali pambali? Amaloza mwaulemu: "Ndi awa, bambo a kunyumba." Dzina lalowa, chithunzi chajambulidwa, bambo agwira kabolodi kolembedwa nambala ya munda. Kuyambira tsiku limenelo, pa mapepala onse a chitukuko, mwini munda ndi mkamwini.

Chodabwitsa n'chakuti mudzi wonse ukudziwa zoona. Pa mwambo wa Achewa ndi Ayao ambiri a ku Salima ndi Nkhotakota, malo amayenda m'mbumba, kuchokera kwa mayi kupita kwa mwana wamkazi, atsibweni akuyang'anira. Mkamwini amalima, amamanga, amalemekezedwa, koma ukwati ukatha amanyamula chikwama chake n'kubwerera kwawo. Fomu yobwera ndi alendo ija siidziwa zimenezi. Inalembedwa ndi maganizo oti khomo lililonse lili ndi mwamuna pamwamba ndipo zonse za pakhomopo ndi zake. Ndiye ndalama zipita ku akaunti ya bambo, ntchito ipita kwa bambo kapena kwa mphwake wa bambo, ndipo mwini nthaka atsala wopanda munda, wopanda ndalama, wopanda ntchito. Ine ndimaona kuti kumeneku ndiko kulanda kwakukulu, kuposa kukanizidwa pa geti, chifukwa kumachitika mwakachetechete ndipo mayiyo amasaina yekha ndi chala chake.

Chochita ndi kukonza dzinalo msanga. Mindandanda imeneyi imayenera kuikidwa poyera kapena kuwerengedwa pa msonkhano ndalama zisanatuluke, kuti wolakwiridwa anene. Pitani ndi atsibweni anu kapena mwinimbumba, ndi kalata ya anyakwawa yotsimikiza mwini munda, mukapemphe kuti alembe dzina lanu, kapena mayina onse awiri. Si chinthu chachilendo kupempha. Malamulo a World Bank ndi a IFC (nthambi ya bankiyo yothandiza makampani) okhudza kusamutsa anthu amati zikalata za malo ndi malipiro zilembedwe m'mayina a mwamuna ndi mkazi onse, ndipo maphunziro a ntchito, ngongole ndi mwayi wa ntchito zifikenso kwa amayi mofanana. Komanso Customary Land Act ya 2016 inakhazikitsa makomiti a malo otsogozedwa ndi agulupu, okhala ndi anthu ena 6 osankhidwa, ndipo mwa iwo osachepera 3 akhale amayi. Kumene komiti yotere ilipo, ndi mboni yabwino.

Ndipo bambo amene akuwerenga izi asaone ngati akuchotsedwa ulemu. Mayina awiri pa fomu amatetezanso ana ake tsiku limene iye sadzakhalapo.

Akufuna satifiketi ya ukwati. Ife tinangochita chinkhoswe. Titani?

Marriage, Divorce and Family Relations Act ya 2015 imazindikira ukwati wa kwa DC, wa kutchalitchi kapena kumzikiti, wa mwambo, ndi wa anthu amene akhala limodzi nthawi yaitali mpaka kudziwika ngati banja. Maukwati onsewa ali ndi mphamvu yofanana. Wa mtundu womalizawu ndi khothi limene limautsimikiza, ndipo limayang'ana ngati anthuwo akhala limodzi zaka zosachepera 5. Ngati munachita chinkhoswe, ankhoswe anu ndi kalata ya amfumu ndi umboni.

Koma musanathamange kukasaka mapepala, funsani kaye kuti satifiketiyo akuifuniranji. Ntchito yokumba ngalande kapena yodula nzimbe siifuna ukwati. Chimene ayenera kukufunsani ndi chiphaso cha unzika, ndi umboni woti muli m'gulu la okhudzidwa.

Pa mitala zimakhala bwanji? Mwayi ndi umodzi, nyumba ndi ziwiri.

Pamene mkazi aliyense ali ndi nyumba yake, nkhokwe yake ndi munda wake, amenewo ndi makomo awiri ngakhale mwamuna ali mmodzi. Ngakhale pa kalembera wa anthu m'dziko muno, khomo amaliwerenga poona anthu okhala pamodzi ndi kudyera mphika umodzi. Kulemba bambo yekha ngati khomo limodzi kumatanthauza kuti iye ndiye asankhe nyumba yoti ipindule, ndipo tonse tikudziwa mmene kusankha kumeneko kumathera. Mkazi wamng'ono kapena wamkulu amene munda wake watengedwa apemphe kulembedwa payekha, ndi nambala yakeyake ya munda. Zikakhala kuti munda unali umodzi wolima onse, nkhani imavuta, ndipo njira yabwino ndi kugwirizana pamaso pa ankhoswe ndi kulemba zimene mwagwirizanazo: ndani atenge ntchito, ndalama zigawidwe bwanji.

Amuna anga anamwalira kalembera atachitika kale. Abale awo akuti mwayi wa ntchito ndi wa kubanja kwawo.

Pepani ndi zovutazo, mayi. Dzina la malemu linalembedwa poimira khomo lanu, osati poimira mtundu wawo. Anthu amene ataya chakudya ndi inu ndi ana. Pa ndalama za chipukutamisozi zimene zinali zisanatuluke, Deceased Estates Act ya 2011 imaika patsogolo mkazi kapena mwamuna wotsala ndi ana, ndipo kulanda chuma cha masiye ndi mlandu wa kupolisi. Pa ntchito, lembani kalata kwa a chitukuko yowadziwitsa za imfayo, muphatikize kalata ya amfumu kapena chikalata cha imfa, ndi kutchula munthu wa pakhomo panu amene alowe m'malo.

Amene amavutika kwambiri ndi mtengwa, mkazi amene anakakhala kumudzi kwa mwamuna wake. Akasudzulidwa n'kubwerera kwawo, kumudzi kwa mwamuna amati anapita, kwawo amati sanali pa kalembera. Ngati ndi inu, gwirani mfundo iyi: a chitukuko amakhala ndi tsiku lotsekera kalembera, ndipo amene ankakhala kapena kulima pamalopo pofika tsikulo ndiye wokhudzidwa. Zochitika pambuyo pake, imfa kapena kutha kwa ukwati, sizimufufuta. Chimodzimodzi kwa mayi amene banja lake latha ndalama zisanatuluke.

Ndine mnyamata wosakwatira. Akuti ntchito ndi ya anthu a maudindo. Lamuloli likundikhudza?

Likukukhudzani. Gawo 5 la Employment Act silinena za akazi okha, ndipo gawo 20 la malamulo aakulu limaletsa tsankho kwa munthu aliyense. Mnyamata wa zaka 25 amene anapatsidwa kachigawo kake ka dimba, amalima tomato n'kumalipirira azing'ono ake sukulu, wataya zambiri ngati wina aliyense. Vuto lake nthawi zambiri n'lakuti pa kalembera anamuphatikiza m'khomo la makolo chifukwa alibe mkazi, pomwe mnzake wa msinkhu womwewo, poti anakwatira chaka chatha, analembedwa payekha. Pali achinyamata amene amathamangira ukwati akamva kuti kalembera akubwera, ndipo sindingawaseke: fomu ndiyo yawaphunzitsa zimenezo. Ngati munali ndi munda wanuwanu, pemphani kuti ulembedwe m'dzina lanu.

Nanga akanena kuti ayamba ndi amayi amasiye ndi amayi olera okha ana, si tsankho lomwelo?

Ayi. Gawo 5 lomwelo limalola dongosolo lokweza anthu amene ali pa mavuto kuposa anzawo. Kuika patsogolo mayi amene akulera yekha ana n'kololedwa. Cholakwika n'kutseka chitseko kotheratu kwa ena chifukwa cha ukwati wawo, monga kunena kuti mkazi wokwatiwa asayerekeze n'komwe poti "ali ndi womudyetsa". Amene amayankhula choncho sanaonepo khomo limene bambo anapita ku Joni zaka zapitazo ndipo foni yake siikugwiranso.

Kapitawo akuti ndibwere ndi chilolezo cha amuna anga. Winanso akuti okwatiwa amavuta ndi mimba.

Palibe lamulo lofuna kuti mkazi wamkulu abweretse chilolezo cha mwamuna kuti alembedwe ntchito. Gawo 24 limamupatsa mphamvu yochita mgwirizano payekha. Za mimba, Employment Act imapereka tchuthi cha uchembere cha masabata osachepera 8, cholipidwa, kamodzi pa zaka 3 zilizonse, ndipo kuchotsa munthu ntchito chifukwa cha mimba ndi mlandu.

Pali chinanso chimene amayi osakwatiwa ndi amasiye amakumana nacho, chimene sichinenedwa pa msonkhano. Wogwira mndandanda amati, "Dzina lanu lilipo, koma tionane madzulo." Gender Equality Act imati kuvutitsa munthu motere ndi mlandu wa chindapusa cha K1,000,000 ndi kukhala kundende zaka 5. Musafufute mauthenga a pa foni. Kanenani ku Victim Support Unit ya polisi, ndipo ngati akufuna ndalama kuti dzina lilowe, imeneyo ndi nkhani ya Anti-Corruption Bureau.

A kampani akuti mayina anapereka ndi amfumu, iwo alibe nazo kanthu. Amfumu akuti anangotsata zimene anauzidwa. Wolakwa ndani?

Kuponyerana mpira kotereku n'kofala. Zoona zake n'zakuti amene amalemba ntchito ndi kulipira malipiro ndiye womangidwa ndi Employment Act, kaya mayina anawatola kuti. Sangabisale kumbuyo kwa anyakwawa. Ndipo ngati chitukukocho ndi cha boma, khonsolo ndi unduna kapena bungwe la boma limene likuyendetsa ntchitoyo ali ndi udindo woonetsetsa kuti kasankhidwe kali kolungama. Izi zikukhudzanso ntchito zolipidwa za m'midzi zimene zimadzera ku khonsolo, monga zija zobwezeretsa chilengedwe, pamene mayina amachokera mu UBR, kaundula wa boma wa mabanja ofunika thandizo.

Amfumu nawonso tisawaweruze mopupuluma. Nthawi zambiri amauzidwa Lachitatu kuti Lachisanu pakhale mayina 20, opanda ndondomeko yolembedwa ya kasankhidwe, ndipo amagwiritsa nzeru imene ili pafupi: eni makomo, kutanthauza abambo. Mudzi umene wachenjera umapempha kuti mfundo zosankhira zinenedwe poyera mayina asanatoledwe, a komiti ya chitukuko ya m'mudzi (VDC) alipo, ndipo mndandanda uwerengedwe mokweza usanapite.

Ndikadandaule kuti?

Yambani pafupi. Zitukuko zambiri zikuluzikulu, makamaka za ndalama za World Bank kapena African Development Bank, zimakhala ndi komiti yolandira madandaulo m'mudzi kapena pa komiti ya chitukuko ya m'dera (ADC). Perekani dandaulo lolemba, ndipo onetsetsani kuti lalowa m'buku lawo, mwapatsidwa nambala kapena kapepala. Dandaulo la pakamwa limauluka ndi mwera.

Zikakanika, pitani ku boma. Ofesi ya zantchito, imene ambiri amangoti ku leba, ndiyo yoona za tsankho polemba ndi pochotsa ntchito, ndipo ikalephera kuyanjanitsa, nkhani imapita ku khothi la za ntchito, Industrial Relations Court. Za mayina olakwika pa mndandanda wa malo, pitani ku ofesi ya DC, kwa woona za malo, ndipo muonanenso ndi ofesi yoona za jenda. Mukafika ku ofesi ya boma, kumbukirani gawo 43 la malamulo aakulu: chiganizo cha akuluakulu a boma chikakhudza ufulu wanu, muli ndi ufulu wopatsidwa zifukwa zake molemba. Pemphani kalatayo. Ambiri amene amanena mosavuta pakamwa kuti "ndinu wokwatiwa" amazengereza akauzidwa kuti alembe ndi kudinda.

Pamwamba pa apa pali Malawi Human Rights Commission, imene inapatsidwa udindo woonetsetsa kuti Gender Equality Act ikutsatidwa, ndi ofesi ya Ombudsman, yoona za kusalungama kwa maofesi a boma. Konseku simulipira. Wofuna loya koma alibe ndalama apite ku Legal Aid Bureau. Ngati ndalama za chitukuko ndi za World Bank, anthu awiri kapena kuposerapo angathe kulembera Inspection Panel, ofesi ya madandaulo ya bankiyo, ndipo pa chitukuko cha kampani yothandizidwa ndi IFC ofesi ya madandaulo imatchedwa CAO.

Ndinyamule chiyani, ndipo nthawi ilipo yochuluka bwanji?

Chiphaso cha unzika, kapepala kalikonse kamene munapatsidwa pa kalembera, nambala ya munda, kalata ya amfumu, ndi mayina a anthu awiri amene anamva zimene munauzidwa. Mndandanda ukaikidwa pa bolodi, ujambuleni pa foni tsiku lomwelo, chifukwa mapepala a pa bolodi sachedwa kusintha. Lembani tsiku, malo, ndi mawu enieni amene ananenedwa, osawakometsera. Mukakhala angapo a vuto limodzi, pitani limodzi ndipo musaine kalata imodzi.

Za nthawi, musagone. Wochotsedwa ntchito mosalungama ali ndi miyezi 3 yokadandaula ku leba. Wofuna kuti khothi lalikulu liunikenso chiganizo cha ofesi ya boma amayeneranso kufulumira, kawirikawiri isanathe miyezi 3. Ndiponso ntchito zambiri za pa chitukuko ndi za nthawi yomanga yokha. Kontirakitala akamaliza gawo lake amapasula kampu n'kupita, ndipo kumulondola pambuyo pake n'kovuta. Ngati ntchito yomanga inatha kale, funsani ku khonsolo ngati dongosolo lobwezeretsa moyo wa okhudzidwa likadalipo, monga maphunziro a ntchito zamanja, mbewu, ziweto kapena magulu a banki mkhonde, ndipo pemphani kuti dzina lanu lilowe kumeneko.